Chifukwa chake Mama G amangosewera nkhanza

Mayi wina wa ku Zomba wandilembera imelo. Akufunsa kuti n'chifukwa chiyani Patience Ozokwor, amene timangoti Mama G, sasowa pa mbali ya apongozi ankhanza kapena mfiti m'mafilimu a ku Nigeria. Kodi sadziwa kusewera zina, kapena ndi mmene alili kunyumba?

Mayi, za kunyumba kwawo tisawaweruze ndi zapakanema. Tiyambire kumsika. Nollywood, ntchito yopanga mafilimu ku Nigeria, itakula pambuyo pa filimu ya Living in Bondage ya 1992, ndalama zopangira mafilimu zinkachokera kwa amalonda a ku Idumota mu Lagos ndi Upper Iweka ku Onitsha. Filimu inkajambulidwa m'masabata owerengeka, n'kuikidwa pa VHS kapena VCD, ndipo chogulitsa chinali nkhope za pachikuto. Wogula akaona Mama G atakwinya nkhope, ankadziwiratu kuti mkamwana alira. Wamalonda wapeza chomwe chikuyenda, asinthirenji?

Onaninso msinkhu. Anabadwa mu 1958 m'chigawo cha Enugu, anagwirapo ntchito yauphunzitsi komanso youlutsa mawu pa Radio Nigeria, ndipo anatchuka ndi filimu ya Authority mu 1999, atakwanitsa kale zaka 40. Mbali ya namwali wokondedwa inali ya anthu ngati Genevieve Nnaji. Kwa mayi wa msinkhu wawo kunatsala mayi wolira kapena mayi wolizitsa anzake, ndipo wachiwiriyo ndiye amakhala ndi mawu okoma kulankhula.

Ine ndimati luso lawo lili pa mawu ndi maso. Wailesi inawaphunzitsa kusewera ndi liwu: ayamba motsitsa, monyengerera, "mwana wanga", kenaka mwadzidzidzi n'kubangula. Ngakhale m'mavidiyo a m'mataunishipi mwathu, momwe anyamata amaikamo mawu a Chichewa pamwamba, diso lija lokha limakwanira kuti anthu ayambe kutukwana kanema. Ndipo amaseketsa, chimene ambiri amaiwala. Nkhanza zawo nthawi zambiri zimakhala ndi kanthabwala, n'chifukwa chake timadana nawo koma sitichoka pampando.

Zoti sangathe zina, ayi. Mu 2014 analandira mphoto ya Africa Movie Academy Awards ya wosewera wothandizira chifukwa cha After the Proposal, ndipo mu 2023 a mphoto za mafilimu za Africa Magic Viewers' Choice Awards (AMVCA) anawalemekeza pa ntchito ya moyo wawo wonse. Mukafuna kuwaona opanda ufiti, pezani Chief Daddy ya 2018, momwe ali wantchito wa m'nyumba ya bwana wolemera, limodzi ndi Nkem Owoh amene ali dalaivala.