Mwana wanga amadya yekha pa buleki

Azakhali,

Tinasamukira m'tauni chaka chino ndipo mwana wathu wamkazi wa zaka 10 analowa Sitandade 4 pasukulu yatsopano. Pa fulaye anzake samusankha, pa buleki amakadyera kuseri kwa kalasi. Lolemba lililonse m'mawa amadandaula m'mimba. Bambo ake akuti ndi zachibwana, tizingomupatsa ndalama azigulira anzake zitumbuwa. Ine ndikufuna ndikawazazire makolo a atsikanawo. Nkhaniyi yatiyambanitsa m'nyumba. Nditani?

Mayi wodandaula

Amayi,

Njira zonse ziwirizo zimupweteka mwanayo. Anzake adzatsata zitumbuwa, osati iye, ndipo tsiku losowa ndalama adzabwerera kuseri kuja. Ana ena amafika poba ndalama pakhomo kuti gulu lisawataye. Inunso mukakazaza, mawa lake azikamunena kuti ndi kazitape.

Yambani ndi kafunsidwe. "Kusukulu kunali bwanji?" yankho lake ndi "bwino" basi. Mufunseni mukusankha nyemba limodzi, osamuyang'ana m'maso: "Lero unakhala pafupi ndi ndani? Pa fulaye amasankha anthu ndani?" Musafunse kuti anawalakwira chiyani, angaone ngati vuto ndi iyeyo.

Kawirikawiri wotsogolera zotere amakhala mmodzi, enawo amangotsatira poopa kusalidwa nawonso. Ndiye fufuzani amene amamupatsa moni akakumana awiriwiri. Muitaneni ameneyo yekha Loweruka masana, mutapempha makolo ake, asewere phada kwa ola limodzi kapena awiri. Yekha ndithu. Mukaitana angapo, agwirizana okhaokha, wanu n'kutsalanso pambali pakhomo pake pomwe.

Kenako pitani kwa aphunzitsi ake, inu ndi bambo, ana ataweruka. Musakapemphe chilango. Pemphani kuti amukhazike pafupi ndi mnzakeyo, komanso kuti pogawa magulu aziwerenga okha manambala m'malo mosiyira ana kusankhana, chifukwa mwana wosalidwa amachita manyazi kwambiri akatsala yekha onse atasankhidwa. Panganani zokumananso pakatha masabata awiri. Zikapanda kusintha, kaonaneni ndi mphunzitsi wamkulu kapena gulu la amayi la pasukulupo.

Za m'mimbazo sakunama, nkhawa imapwetekadi m'mimba. Kamupimitseni kuchipatala, koma akapezeka kuti alibe matenda asajombe, pakuti akazolowera kukhala pakhomo kubwerera kumavuta. Mukaona mabala, wayambanso kukodza pogona, wasiya kudya kapena akutchula zofuna kufa, musadikire masabata awiri aja: imbani 116, nambala yaulere yothandiza ana.

Bambowo musalimbane nawo mwana akumva. Apempheni kuti Lolemba likubwerali amuperekeze okha mpaka pageti.