Supu ya nkhuku ndi tortilla: n'chifukwa chiyani yanu inasanduka phala?

Mayi wina amene amakhala ku Johannesburg watilembera pa imelo. Akuti anadya supu ya nkhuku ndi tortilla (timikate topyapyala tozungulira, tonga chapati) pa malo ena ogulitsa zakudya za ku Mexico, inawakomera, koma atayesa kuphika kunyumba zinavuta. Supuyo inalimba ngati phala, tortilla zinasungunukira momwemo, ndipo kakomedwe kake sikanasiyane ndi msuzi wa matimati wa masiku onse. Anagwiritsa ntchito tortilla za tirigu za m'sitolo, zija zokulungira nyama ndi masamba, ndipo akufunsa ngati angapange zawo ndi ufa woyera kapena mgaiwa, popeza anamva kuti tortilla zenizeni n'za chimanga.

Mayi, sikuti simudziwa kuphika ayi. Vuto ndi loti munaphikira zonse mu poto imodzi, chonsecho chakudya chimenechi chili ndi zinthu zitatu zophikidwa padera: msuzi wa nkhuku, matimati okazinga ndi tsabola wouma, ndi tortilla zokazinga mpaka kuuma. Ziwiri zoyambazo zimasakanizidwa pamoto, koma tortilla zimakumana ndi supu m'mbale ya munthu wodyayo basi, pa nthawi yoti adye.

Kwawo ku Mexico amaitcha sopa de tortilla kapena sopa azteca, ndipo ndi yotchuka ku Mexico City ndi madera ozungulira. Kumeneko imakhala yamadzimadzi, yofiira moderako, ndipo nthawi zambiri nyama siikidwamo, amangogwiritsa ntchito msuzi wa nkhukuwo. Ija yodzaza ndi nyama, nyemba zakuda, chimanga chachiwisi ndi chokometsera chotchedwa cumin ndi kaphikidwe ka ku United States, makamaka ku Texas ndi madera oyandikana nako. Yomwe tikufotokoza pano ndi ya ku Mexico yoikamo nyama, yokwanira anthu 6.

Tiyambe ndi funso la ufa, chifukwa ndi pamene anthu ambiri amataya nthawi. Ufa woyera kapena mgaiwa supanga tortilla. Mukaukanda ndi madzi sugwirana, mukaupapatiza umang'ambika, mukauotcha umayoyoka. Chimanga cha tortilla amayamba achiphika m'madzi a laimu wodyedwa (ufa woyera wonga laimu wopaka nyumba, koma wokonzedwera zakudya), pafupifupi magalamu 10 pa kilogalamu imodzi ya chimanga, n'kuchisiya momwemo usiku wonse, kenako amachitsuka, gaga n'kuchoka, n'kuchipera chili chonyowa. Laimuyo amasintha chimangacho kuti chizigwirana ngati mtanda, amachipatsa fungo lija limene munalimva m'supu ya kumalo odyera, komanso amamasula vitamini wotchedwa niacin kuti thupi lizitha kumuyamwa. Anthu ena a ku America ankagwiritsa ntchito phulusa la nkhuni m'malo mwa laimu, monga momwe ife timachezera chidulo cha therere. Koma kukonolera chimanga kapena kuchiviika kwa kwathu kuja si zomwezo, ndipo laimu wopaka nyumba musamuyandikize n'komwe ku chakudya.

Ndiye mupeze chimodzi mwa zitatu izi. Chabwino koposa ndi tortilla za chimanga zogula, 10 kapena 12 zazing'ono za masentimita 15. Werengani papaketi, chifukwa zambiri zolembedwa kuti n'za chimanga zimakhala zosakaniza ndi tirigu. Chachiwiri ndi ufa wotchedwa masa harina, womwe ndi chimanga chophikidwa kale ndi laimu n'kuumitsidwa. Maseca ndi dzina lodziwika kwambiri, ndipo umapezeka m'masitolo a zakudya zakunja komanso pa intaneti. Makapu awiri a ufawu, kapu imodzi ndi theka ya madzi ofunda ndi theka la supuni yaing'ono ya mchere, kandani, vundikirani mphindi 20, umbani timipira tonga dzira laling'ono, papatizani pakati pa mapepala awiri apulasitiki ndi pansi pa poto, otchani pa chiwaya chouma chotentha masekondi 30 mbali yoyamba, mphindi imodzi mbali yachiwiri, n'kutembenuzanso pang'ono. Mtanda ukamang'aluka m'mphepete ndiye kuti madzi achepa. Chachitatu, zikavuta zonse, ndi tchipisi ta tortilla ta mchere wokha. Tija tokhala ndi tchizi ndi zonunkhira zina timawononga supu. Za tirigu zisiyeni: zikangonyowa zimabwerera kukhala mtanda womata, ndipo phala lanu linachokera pamenepo.

Msuzi wa nkhuku ndi umene umatenga nthawi, choncho muyambe ndi umenewo. Tengani kilogalamu imodzi ya ntchafu za nkhuku zokhala ndi mafupa ndi khungu, ikani m'malita awiri ndi theka a madzi ozizira, theka la anyezi, tizigawo tiwiri ta adyo ndi masupuni ang'onoang'ono awiri a mchere. Nganga yopanda fupa sitiilimbikitsa, imauma msanga ndipo siipatsa madzi kukoma kulikonse. Ikangoyamba kuwira chotsani thovu ndi chipande, chepetsani moto kuti izingonyenya pang'onopang'ono. Mukaisiya ikubwata mwamphamvu mafuta amasakanikirana ndi madzi, msuzi n'kuchita mbuu. Nkhuku yoyera ya m'sitolo imapsa m'mphindi 30 mpaka 35. Ya chikuda imafuna ola limodzi ndi theka kapena maola awiri, ndipo muyenera kuwonjezerako madzi otentha, koma msuzi wake umaposa wa yoyera kutalitali. Nyama ikapsa ivuuleni, ikazizirako ing'ambeni ndi mafoloko awiri motsata minofu, ivundikireni, ndipo mafupa abwezereni m'poto awirenso mphindi 30. Sefani. Mukhale ndi malita awiri.

Tsopano mbali imene inasowa m'supu yanu. Imene imasiyanitsa supuyi ndi msuzi wa matimati wamba ndi tsabola wouma wotchedwa pasilla, wautali, wakuda, wamakwinya. Sawawa kwambiri, ntchito yake ndi kupereka fungo lozama, lotsekemerako, la utsiutsi. Ancho, yemwe ndi wotambalala, amalowa bwino m'malo mwake, ndipo guajillo amafiiritsa kwambiri. Mufunika atatu. Awiri achotseni phesi ndi njere, atambasuleni pa chiwaya chouma chotentha pang'ono, masekondi 15 kapena 20 mbali iliyonse, mpaka afewe ndi kuyamba kununkhira. Apa musachoke pamoto. Tsabola wouma akapserera amawawa ngati mankhwala, ndipo kuwawa kumeneko sikuchoka ngakhale muthire shuga, wopserera ngotaya. Aviikeni m'madzi otentha mphindi 20.

Pa chiwaya chomwecho, kapena pa waya pamwamba pa makala ngati muli ndi mbaula, wambani matimati akupsa bwino okwana theka la kilogalamu, anyezi mmodzi wodula pakati ndi tizigawo titatu ta adyo tosasenda. Muzitembenuza mpaka khungu la matimati lichite mawanga akuda ndipo mkati mwafewa, mwina mphindi 10 mpaka 15. Adyo amafulumira, muwachotse msanga n'kuwasenda. Perani zonse pamodzi ndi tsabola uja mu blender, kapena sinjani mu kamtondo, n'kusefa kuti makungu ndi njere zitsale. M'nyengo imene matimati ali otumbululuka ndi amadzi, a m'chitini a magalamu 400 amachita bwino kuposa osapsa.

Zoperazo musazithire m'msuzi zili choncho. Tenthetsani masupuni akuluakulu awiri a mafuta mu poto, thirani zoperazo nthawi imodzi, zilire. Zithetheka, ndiye chivundikiro chikhale pafupi. Takasani mphindi 8 mpaka 10 kufikira zitalimba, mtundu utadera, ndipo mthiko ukadutsa pansi pa poto pakutsala njira. Kukazingaku ndi kumene kumachotsa kuwawasa kwa matimati aawisi. Anthu ambiri amakudumpha pofuna kufulumira, kenako n'kumadabwa kuti supu yawo ikumveka yosapsa ngakhale yawira ola lathunthu. Mukatero thirani malita awiri a msuzi aja, ziwire pang'onopang'ono mphindi 20. Ku Mexico amaponyamo kanthambi ka tsamba lotchedwa epazote chakumapeto. Ngati mulibe, ingosiyani. Lawani mchere pomaliza, chifukwa madzi akamaphwa mchere umakwera.

Ngati pasilla kapena ancho sakupezeka, gwiritsani ntchito masupuni akuluakulu awiri a paprika (ufa wa tsabola wofiira wosawawa kwambiri), theka lake akhale uja wofukizidwa ndi utsi, ndipo mumuthire m'matimati operawo, osati m'mafuta otentha, chifukwa amapserera m'kanthawi kochepa. Si chimodzimodzi, koma zimayandikira. Kambuzi ndi nkhani ina: amawawa kuposa pasilla kambirimbiri ndipo fungo lake ndi lina. Theka la kambuzi mmodzi ndi lokwanira poto yonse, kapena mungomuika patebulo aliyense adzithirire.

Tortilla ziduleni m'timizere ta sentimita imodzi. Zogonetsa zimakazingika bwino kuposa zatsopano. Supuyi ndi njira yabwino yogwiritsira ntchito tortilla zotsala. Zikakhala zatsopano ziyanikeni pa thireyi kwa ola limodzi kapena kuposerapo, apo ayi zimamwa mafuta. Mafuta akhale ozama masentimita awiri, otentha madigiri 175 mpaka 180. Popanda choyezera, ponyanimo kachidutswa kamodzi: kakangolira nthawi yomweyo n'kuyandama, mafuta akonzeka, kakamira chete, dikirani, mafuta akamafuka utsi, apsa kwambiri. Kazingani pang'onopang'ono, dzanja limodzi nthawi iliyonse, kwa mphindi imodzi kapena iwiri. Chizindikiro choti zauma ndi thovu la mafuta: likachepa ndiye kuti madzi atha mkati. Mukazivuula thovu lidakali lambiri zimaoneka zakupsa koma zimakhala zotafunika ngati chikopa. Ziyaleni pa pepala n'kuwaza mchere zikadali zotentha. Mu uvuni zimathekanso, mutazipaka mafuta, madigiri 200 kwa mphindi 10 mpaka 12, ngakhale zimafewa msanga m'supu kusiyana ndi zokazinga. Pasilla wachitatu uja mumudule timphete, mumuviike m'mafuta omwewo masekondi asanu okha.

Nyama ibwezereni m'supu kutatsala mphindi zisanu, ingotenthedwa. Mukaiphikanso nthawi yaitali imasanduka ulusi wouma.

Pogawa, ikani dzanja limodzi la tortilla pansi pa mbale, thirani supu yotentha ndi nyama, pamwamba tizidutswa ta peyala lakupsa, tchizi choyera chofewa, supuni ya kirimu wowawasa, timphete ta pasilla, ndi tortilla zina zochepa. Tchizi cha kwawo ndi queso fresco kapena panela. Tchizi cha feta chochepa mchere chimalowa m'malo, ndipo chambiko cholimba kapena yogati wopanda shuga amagwira ntchito ya kirimu. Ndimu aliyense afinyire m'mbale mwake. Mukamufinyira m'poto n'kuwiritsa, fungo lake limathawa. Mbale ikangothiridwa, tortilla zimakhala zokhukhuta kwa mphindi zochepa chabe, choncho anthu akhale atakhala kale patebulo.

Ngati mumaikonda yolemerako, perani tortilla imodzi kapena ziwiri zokazinga pamodzi ndi matimati aja. Musapitirire ziwiri pa malita awiri, chifukwa chimanga chimapitiriza kufufuma supu ikamazizira. Nyemba zakuda zophika kale ndi chimanga chachiwisi, kapu imodzi chilichonse, zilowe limodzi ndi nyama ngati mukufuna ya ku Texas. Yotsala isungeni m'firiji masiku osapitirira atatu, tortilla zikhale pazokha m'chitini chotseka bwino kunja kwa firiji, ndipo peyala muzidula tsiku lodya.