Anthu akavinira nyimbo ya chigawenga: yankho kwa wokonza The Threepenny Opera

Mayi wina wotsogolera gulu la zisudzo wanditumizira imelo. Akukonzekera kuonetsa The Threepenny Opera, ndipo anthu ochepa amene anawaitana kudzaonera pokonzekera anangowomba m'manja n'kumagwedezera mapewa nyimbo ya "Mack the Knife". Akufunsa ngati achepetse nyimbo kuti kunyogodola kwa seweroli kumveke.

Mayi, musachotse ngakhale imodzi. Vuto limeneli lakhala likulondola seweroli kuyambira pa 31 Ogasiti 1928, tsiku limene linaonetsedwa koyamba ku Theater am Schiffbauerdamm mu Berlin. Mawu analemba Bertolt Brecht, kuchokera pa zimene Elisabeth Hauptmann anamasulira mu The Beggar's Opera ya John Gay ya mu 1728, ndipo nyimbo anapeka Kurt Weill. Anthu achuma amene seweroli linkawafanizira ndi mbava ndi omwewo ankadzaza holo n'kutuluka akuimba mluzu. Kukoma kwa nyimbozo ndi nyambo, ndipo mbedza yake ili m'mawu. Ngati oonera anu akuvina, ndiye kuti mawuwo sakuwafika.

Tiyambe ndi nyimbo yavutayo. Makutu a oimba anu anazolowera mmene anaiimbira Louis Armstrong ndi Bobby Darin m'zaka za m'ma 1950. Darin, mu 1959, ankakweza kiyi pang'onopang'ono vesi ndi vesi, gulu lalikulu la malipenga likumukankha kumbuyo, mpaka Macheath, chigawenga cha m'seweroli chimene nyimboyi imanena, n'kusanduka ngwazi ya kumowa. Weill sanalembe choncho. Kwa iye nyimboyo ndi ya woimba wa mumsewu amene akuwerengera anthu milandu ya chigawenga: mtembo wopezeka mumsewu, mkazi wobayidwa mpeni pachifuwa, moto wa ku Soho mu London umene unapha ana 7 ndi nkhalamba, mtsikana wamasiye wogwiriridwa. Kayimbidwe kake n'kakafupi, kamangobwerezabwereza mu kiyi imodzimodzi, ndipo chimene chimasintha ndi zoimbira zimene zimawonjezeka kumbuyo. Kupatula la mtembo, mavesi owawitsawo mulibe m'nyimbo zotchuka zija. Yang'anani buku limene muli nalo, muone ngati alimo. Ngati mulibe, woimba wanu akutamanda munthu amene milandu yake sinatchulidwe.

Ndipo pano ndiuma mtima: mawu okongola a kukwaya amaliwononga seweroli kuposa mawu osasa. Weill analembera anthu a zisudzo odziwa kuimba, osati akatswiri a opera. Nyimbo imodzi ya Lucy, chibwenzi cha Macheath, yolembedwa mwa opera, anaichotsa asanaonetse seweroli mu 1928. Woimba kwaya anaphunzitsidwa kutalikitsa mavawelo ndi kufewetsa zilembo zakumapeto kuti mawu ake asungunukire mwa anzake. Pano n'zosiyana. Liwu lililonse lilume. Mu nyimbo ya tango ya Macheath ndi Jenny, awiriwo amakumbuka mwachifundo nthawi imene mkaziyo ankagona ndi amuna ena kuti adyetse mwamunayo, iye n'kumamumenya. Akaiimba molira, oonera amva chikondi basi. Akaiimba mosadandaula, ngati okwatirana amene akukumbuka nyumba yawo yoyamba, holo yonse imachita nthumanzi. Chimodzimodzi nyimbo ya asilikali ya Macheath ndi mkulu wa apolisi Tiger Brown: ng'oma yake ndi yachisangalalo, koma akunyadira mmene ankadulira nthulinthuli anthu a khungu lina ali ku India. Kuchedwetsa liwiro kuti imveke yachisoni n'kulakwitsa. Ithamange, koma mawu onse amveke.

Ambiri amaiwala kuti munthu woopsa kwambiri m'seweroli si wa mpeni. Ndi Peachum, mwini kampani ya opemphapempha. Anagawa London m'zigawo 14, amagulitsa ziphaso zopemphera, ali ndi mitundu 5 ya zovala zochititsa chifundo, ndipo amalanda theka la zimene wopempha wapeza, kapena 70 pa 100 akabwereka zovala. Amalankhula ndi mavesi a m'Baibulo. Nyimbo yake ya m'mawa, yokhayo imene Weill anasunga kuchokera kwa Gay, iimbidwe ngati ya m'tchalitchi ndithu, ndi limba lokha. Wosewera Peachum asatsinzinire oonera diso. Akhulupirire kuti ndi wamalonda woona mtima.

Wole Soyinka, mlembi wa ku Nigeria, anazimvetsa zimenezi. Mu 1977 analemba Opera Wonyosi n'kuika nkhaniyi ku Bangui, likulu la Central African Republic, nthawi ya wolamulira wankhanza Bokassa, pofuna kubaya akuluakulu a ku Nigeria amene analedzera ndi ndalama za mafuta. Sanasiye chitonzo chikuyendayenda chopanda mwini. Sewero la Brecht linalumanso kwawo komwe: Brecht ndi Weill anathawa ku Germany mu 1933, ndipo Kurt Gerron, amene anasewera Tiger Brown mu 1928, anaphedwa ku ndende ya a Nazi ya Auschwitz mu 1944. N'chifukwa chake sindigwirizana ndi amene amalisandutsa chionetsero cha zipewa ndi masuti.

Zoti muchite pokonzekera

Chepetsani zoimbira. Mu 1928 oimba anali 7 okha, akusinthanitsa zida 23, kuphatikizapo banjo, limba, malipenga ndi masaxophone. Phokoso lake n'louma. Ngati muli ndi kiyibodi, isiyeni pa piyano kapena limba, muzimitse ng'oma zodziimba zokha ndi kunjenjemera konse. Oimbawo akhale pasiteji poonekera.

Mlungu woyamba pasakhale kuimba. Aliyense alankhule mawu a nyimbo yake ngati akuuza mnzake nkhani, kenako awalankhule piyano ikulira, kenako ndiye aimbe. Ikani munthu wosalidziwa seweroli pampando wakumbuyo kwenikweni, ndipo nyimbo ikatha afotokoze zimene wamva. Vesi imene walephera kufotokoza, bwerezani.

Brecht ankafuna kuti nyimbo isalowe mozemba m'kulankhula. Wosewera aime, asunthire kutsogolo, magetsi asinthe, dzina la nyimboyo lioneke pa bolodi, ndiye ayambe. Oonera akadziwa kuti tsopano akuimbiridwa, amatchera khutu.

Mapeto musawafewetse. Macheath ali kale pa chingwe pamene mthenga wa mfumukazi afika pa hatchi, kumukhululukira, kumupatsa nyumba yachifumu ndi penshoni ya mapaundi 10,000 mpaka imfa. Apa pokha lolani a kwaya anu atulutse mawu awo onse, chifukwa Weill akunyogodola opera yeniyeni. Kenako zonse zitsike kuti Peachum auze oonera, m'mawu wamba, kuti kwa amphawi enieni amithenga otere safika kawirikawiri. Ndipo musanasindikize matikiti, lemberani a Universal Edition ku Vienna, amene amasindikiza nyimbozi, mufunse za chilolezo ndi zimene amalola kusintha pa zoimbira.