Dzina loti Darius ndi la ku Perisiya, ndipo si la mfumu ya mikango yokha ayi

Mayi, funso lanu ndaliona m'mawa uno. Mwati abambo akunyumba akufuna mwana wanu wamwamunayo atchedwe Darius, koma apongozi anu akukana kwamtuwagalu, ati ndi dzina la mfumu imene inaponya Danieli m'dzenje la mikango, ndiye mukufuna kudziwa tanthauzo lake ndi kumene linachokera musanatuluke m'chikuta. Ndaonanso mayankho ali pamwambapa: wina akuti ndi lachizungu, wina akuti ndi lachisilamu, wina akuti limatanthauza munthu wolemera. Mundipirire, ndiyankha motalikirapo, chifukwa aliyense wa iwowa wagwira kachidutswa chabe.

Dzinali ndi la ku Perisiya, dziko lomwe lero timalitcha Iran. Eni ake akale ankalitchula kuti Darayavaush, ndipo muli mawu awiri. Loyamba ndi daraya, kutanthauza kugwira, kusunga, kusataya. Lachiwiri ndi vahu, kutanthauza chabwino. Mukawalumikiza mupeza "wogwiritsitsa chabwino", munthu amene akagwira chokoma sachitaya. Lili m'gulu limodzi ndi mayina athu aja onena khalidwe, monga Sungani kapena Limbikani. Aperisiya akale ankatcha ana ngati mmene timatchira ife, dzina limakhala ndi zonena, osati kungomveka bwino m'khutu.

Uja wanena za kulemera sananame kwenikweni, wangosokoneza mwana ndi kholo. Patapita zaka mazana ambiri dzinali linafupika n'kukhala Dara, ndipo m'Chiperisiya cha masiku ano mawu oti dara amatanthauza munthu amene ali nazo, mpondamatiki. Tsinde lake ndi lomwe lija la kugwira ndi kukhala ndi kanthu. Masamba ambiri a pa intaneti onena za mayina a ana amangotola tanthauzo latsopanoli n'kusiya mbali ya "chabwino", yomwe kwa ine ndiye mtima wa dzinalo.

Nanga Darius wachizunguyu anabwera bwanji? Agiriki, amene ankamenyana ndi Aperisiya kawirikawiri, lilime linawakanika kutchula Darayavaush, ndiye anangoti Dareios. Aroma anatengera kwa Agiriki n'kulemba Darius, ndipo Angerezi analandira choncho. Ayuda ankati Daryavesh, komwe kuli pafupi ndi katchulidwe ka eni ake kuposa kachingereziko. M'Baibulo lathu lachichewa timawerenga kuti Dariyo. Ku Iran lero mwana wotere amamuitana kuti Dariush. Dzina limodzi lomwelo, langovala malaya a m'dziko lililonse lomwe lafikako.

Lachisilamu ayi. Mfumu imene inalitchukitsa, Darius Woyamba, inamwalira zaka zoposa 1,000 Mtumiki Muhammad asanabadwe, ndipo inkapembedza Ahura Mazda, mulungu wa chipembedzo chakale cha ku Iran chomwe chimadziwika ndi dzina la mneneri Zoroaster. Chiperisiya sichili ngakhale pachibale ndi Chiarabu. Anthu amasokonezeka chifukwa masiku ano chimalembedwa ndi zilembo zachiarabu, koma abale ake ndi zinenero monga Chikurdi ndi Chihindi. Asilamu ambiri ku Iran amatcha ana awo dzinali, Akhristu a ku Ulaya nawonso amatero. Silili la mpingo uliwonse.

Tsopano za apongozi anu. Mayiwo Baibulo amalidziwa, ndipo musawatsutse ngati akunama. Pa Danieli chaputala 6 alipodi Dariyo Mmedi, amene analanda ufumu wa Babulo ali ndi zaka 62. Koma awerengereni nkhani yonse pang'onopang'ono. Amene anakonza chiwembu anali akalonga ansanje, omwe ananyengerera mfumu kusaina lamulo loti kwa masiku 30 munthu asapemphere kwa wina aliyense koma kwa iyo. Mfumu itazindikira kuti msampha unali wa Danieli, inavutika mtima, n'kuyesetsa kumupulumutsa mpaka dzuwa kulowa, koma lamulo la Amedi ndi Aperisiya silinkasinthika. Usiku umenewo sinadye, tulo sitinabwere, ndipo m'bandakucha inathamangira kudzenje kukaitana Danieli ndi mawu achisoni. Kulakwa kwake kunali kumvera anthu osyasyalika. Nkhanza za dala pa Danieli panalibe. Ndionjezerepo kuti akatswiri a mbiri yakale sanampeze Dariyo Mmediyu m'zolemba za ku Babulo kapena za ku Perisiya, moti mpaka lero amatsutsana kuti anali yani.

Koma m'Baibulo lomwelo muli Dariyo wina, ndipo uyu ndiye mwini dzina weniweni. Tsegulani Ezara chaputala 5 ndi 6, komanso vesi loyamba la Hagai ndi la Zekariya. Ayuda atabwerako ku ukapolo, ntchito yomanganso kachisi ku Yerusalemu inaima kwa zaka zambiri. Atayambiranso, kazembe wa deralo, Tatenai, analembera mfumu kalata kufunsa ngati anthuwa anali ndi chilolezo. Dariyo sanayankhe mopupuluma. Analamula kuti afufuze m'nyumba zosungiramo zikalata, ndipo mpukutu wa lamulo la Koresi, mfumu yakale ya Perisiya imene inalola kuti kachisiyo amangidwenso, unapezeka mumzinda wa Ecbatana. Atauwerenga anati ntchito ipitirire, ndalama zake zichokere m'misonkho ya mfumu, ndipo aliyense wosintha lamuloli amuzulire mtanda wa denga la nyumba yake n'kumupachikapo. Kachisi anatha m'chaka chachisanu ndi chimodzi cha ufumu wake, cha m'ma 516 BC. Ndiye ngati apongozi akufuna Dariyo wa m'Malemba, nayu amene anagwiritsitsa lonjezo la mfumu imene inamwalira kale, monga dzina lake linenera.

Ameneyu ndi Darius Woyamba, amene analamulira kuyambira 522 mpaka 486 BC. Sanali mwana wa mfumu. Bambo ake, Vishtaspa, anali nduna yolamulira chigawo, ndipo mmene iye anakhalira pampando ndi nkhani yokoma kuimva koma yokayikitsa. Iye mwini ananena kuti mfumu Cambyses, mwana wa Koresi, inapha m'bale wake Bardiya mwachinsinsi, kenako wansembe wina dzina lake Gaumata anadzionetsa ngati Bardiya n'kulanda ufumu. Darius ndi anzake asanu ndi mmodzi anapha wonyengayo. Akatswiri ambiri lero amaganiza kuti mwina amene anaphedwayo anali Bardiya weniweni, ndipo nkhani ya wonyenga inali yophimbira mlandu. Mgiriki wolemba mbiri, Herodotus, anaonjezera kankhani kena: akuti opha mfumu aja anagwirizana kuti amene kavalo wake ayambe kulira dzuwa likamatuluka ndiye adzalowe ufumu, ndipo wosamalira kavalo wa Darius anachenjera, n'kununkhizitsa kavaloyo fungo la kavalo wamkazi. Kaya zinachitikadi kaya ndi nthano za pabwalo, zikusonyeza kuti ngakhale kalelo anthu ankanong'onezana za mmene mkuluyu analowera.

Mbali yake ya nkhaniyi anailembetsa pathanthwe la phiri la Behistun, pafupi ndi mzinda wa Kermanshah, m'mwamba moti munthu wodutsa pamsewu sangawerenge. Pali chithunzi chosema: iye waponda Gaumata ndi phazi, kutsogolo kwake kwaima amuna asanu ndi anayi omangidwa chingwe m'khosi. Mawu ake amayamba ndi kudzitchula kuti ndine Darayavaush, mfumu yaikulu, mfumu ya mafumu. Amadzitama kuti m'chaka chimodzi anamenya nkhondo 19 n'kugwira mafumu 9, ndipo onse omuukira amawatcha anthu a Bodza. Kwa Aperisiya bodza linali tchimo lalikulu kuposa onse, chifukwa chikhulupiriro chawo chinkaona dziko ngati bwalo lomenyanapo choonadi ndi bodza. Apa m'pamene "chabwino" cha m'dzina lija chimamvekera: sichinali kukoma mtima chabe, chinali kuima kumbali ya choonadi. Koma musaganize kuti anali munthu wofatsa. Pathanthwe lomwelo akufotokoza yekha, osachita manyazi, mmene anadulira mphuno, makutu ndi lilime la mtsogoleri wa oukira a ku Mediya asanamupachike.

Thanthwe limeneli lili ndi ntchito ina imene mwini wake sanailote. Analemba m'zinenero zitatu, Chiperisiya chakale, Chielamu ndi Chibabulo, zonse m'zilembo zokhomakhoma zija zooneka ngati misomali. Kwa zaka pafupifupi 2,000 panalibe munthu wodziwa kuziwerenga. Msilikali wa ku Britain, Henry Rawlinson, anayamba kukwera phirilo mu 1835 kukakopera mawuwo, ndipo kufananiza zinenero zitatuzo kunathandiza kutsegula zolemba zonse za ku Babulo ndi Asuri. Ngakhale iye asanatero, mphunzitsi wa ku Germany, Georg Grotefend, anali atazindikira kale mu 1802 zilembo zingapo, ndipo limodzi mwa mawu oyamba kuwerengedwa linali dzina lomweli. Mwana wanu akadzakula mudzamuuze zimenezo.

Pa kayendetsedwe ka dziko ndiye panagona luso lake. Anagawa ufumu m'zigawo pafupifupi 20, chilichonse ndi kazembe wake ndi msonkho wodziwika. Anasula ndalama yagolide yolemera magalamu 8 ndi pang'ono, imene Agiriki ankaitcha dareikos. Anakonza msewu waukulu wochokera ku Sardis, m'dziko la Turkey lero, kukafika ku Susa, mtunda woposa makilomita 2,500. Woyenda pansi ankatha miyezi itatu, koma amithenga a mfumu, posinthana akavalo m'malo opumira, ankafika m'masiku owerengeka. Anayamba kumanga Persepolis cha m'ma 518 BC. Kuno ku Africa nakonso anafikako: Egypt inali m'manja mwake, anakumbitsa ngalande yolumikiza mtsinje wa Nile ndi Nyanja Yofiira, ndipo zolemba zake zimati ufumu wake unkafika ku Kushi, kumene kunkachokera minyanga ina yokongoletsera nyumba yake ya ku Susa. Anthu ake sanamukonde ngati mmene ankakondera Koresi. Herodotus akuti Aperisiya ankatcha Koresi tate, Cambyses bwana, koma Darius wamalonda, chifukwa chilichonse ankachiwerengera mtengo. Ine ndimaseka ndikafika pamenepa, chifukwa wokhometsa msonkho sanakondedwepo kwina kulikonse.

Nkhondo yotchuka imene anagonja ndi ya ku Marathon mu 490 BC, pamene asilikali ake anathamangitsidwa ndi anthu a ku Athens. Mpikisano wothamanga makilomita 42 uja unatenga dzina kumeneko.

Pamanda ake, ogobedwa m'thanthwe ku Naqsh-e Rostam, pali mawu amene ine ndimawaona ngati kumasulira kwa dzinali. Akuti iye ndi bwenzi la chilungamo, si bwenzi la choipa. Safuna kuti wofooka alakwiridwe ndi wamphamvu, komanso safuna kuti wamphamvu alakwiridwe ndi wofooka. Akutinso mkwiyo ukamubwerera amaugwira ndi maganizo ake. Kaya anakwanitsa ndi nkhani ina, koma ndi zimene ankafuna kukumbukiridwa nazo.

Mafumu ena awiri analowa dzinali pambuyo pake, ndipo ndikuti "analowa" mwadala, chifukwa onse anali ndi mayina awo akubadwa n'kutenga la Darius pokhala pampando, ngati mmene kwathu kuno munthu amalowera dzina la Gomani kapena la Gawa Undi. Darius Wachiwiri anali Ochus. Wachitatu ndi amene anagonjetsedwa ndi Alexander wa ku Makedoniya ku Issus mu 333 BC ndi ku Gaugamela mu 331 BC, kenako anaphedwa ndi nduna yake yomwe, Bessus, akuthawa.

Chodabwitsa n'chakuti ku Iran komweko dzinali linaiwalika kwa nthawi yaitali. M'ndakatulo yaikulu ya mafumu awo, Shahnameh, imene Ferdowsi anamaliza mu 1010, mumangopezeka Darab ndi Dara. Dzina lathunthu linasungidwa ndi alendo, Agiriki ndi Ayuda, m'mabuku awo. Linabwerera kwawo pamene zolemba zakale zija zinawerengedwa, makamaka m'nthawi ya mafumu a banja la Pahlavi, kuyambira 1925 mpaka 1979, amene ankalimbikitsa anthu kunyadira mbiri ya dziko lawo ya nthawi imene Chisilamu chinali chisanafike. Mu 1971 anachititsa chikondwerero chachikulu ku Persepolis chokumbukira zaka 2,500 za ufumu wa Perisiya. M'nyengo ya mafumu a Pahlavi amenewa makolo ambiri anayamba kutcha ana Dariush ndi Kourosh, amene ndi Koresi uja, m'malo mwa mayina achiarabu okhaokha. Woimba wotchuka Dariush Eghbali ndi wopanga mafilimu, malemu Dariush Mehrjui, ndi a m'badwo umenewo. Ndiye ku Iran kholo likasankha dzinali nthawi zambiri limakhala likunena kuti ndife Aperisiya, tili ndi mizu yathu. Kunja kwa Iran mulipeza ku Poland ngati Dariusz, ku Italy ngati Dario, ku Lithuania ndi ku Romania ngati Darius, komanso pakati pa Aparsi (otsatira chipembedzo cha Zoroaster) a ku India ndi anthu akuda a ku America. Okonda mpira wa ku England akukumbukira Darius Vassell wa Aston Villa. Lachikazi lake ndi Daria.

Maganizo anga ndi akuti dzinali n'labwino, palibe chochititsa manyazi kapena mantha. Koma musapambane mkanganowu ndi foni m'manja, kuwaonetsa apongozi zimene walemba munthu wosamudziwa pa Facebook. Kutcha mwana dzina ndi ulemu umene akuluakulu amauyembekezera, ndipo mwina chikuwawawa si mikango ayi, koma kuti sanafunsidwe. Apempheni atche lachichewa iwowo, Darius likhale lachiwiri, kenako abambo a mwanayo akawawerengere Ezara 6 madzulo ena. Ndipo mugwirizane kalembedwe musanapite kusikelo, chifukwa kumudzi adzamuitana Daliyasi, kutchalitchi Dariyo, koma pakalata yakubadwa, m'buku lakuchipatala ndi m'kaundula wa kusukulu pakhale Darius mmodzi yemweyo, zilembo zisanu ndi chimodzi.