Fainolo ya 1903 imene inaseweredwa katatu mu 1905

Funso: Ndimagwira ntchito ku Dublin, ndipo anzanga okonda mpira wa Gaelic akuti fainolo ya 1903 pakati pa Kerry ndi Kildare inaseweredwa katatu, komanso mu 1905. Kodi akungondinamiza?

Yankho: Ayi, anzanuwo sakunama. Masiku amenewo mpikisano wa All-Ireland, womwe bungwe loyang'anira masewero a chikhalidwe cha ku Ireland la GAA limayendetsa, unkatsalira m'mbuyo chifukwa masewero ambiri ankathera m'madandaulo n'kubwerezedwa. Motero chikho cha 1903 anachilimbirana patapita zaka ziwiri.

Matimu a zigawo za Kerry ndi Kildare anakumana koyamba mu Julayi 1905 m'tauni ya Tipperary. Kerry inatsogola 1-4 kwa 1-3, koma chigoli chake chinabutsa mkangano, ochemerera anathamangira m'bwalo, ndipo akuluakulu analamula kuti masewerowo abwerezedwe. Mu Ogasiti anakakumana ku Cork, osapezeka wopambana: Kerry 0-7, Kildare 1-4. Kachitatu, mu Okutobala ku Cork komweko, Kerry inapambana 0-8 kwa 0-2. Ngakhale apo chikho chinali chisanabwere, chifukwa wopambana mu Ireland ankayenera kukumananso ndi timu ya London. Kerry inaigonjetsa 0-11 kwa 0-3 mu Novembala pa Jones's Road, malo amene lero pali bwalo la Croke Park. Chimenecho ndicho chinali chikho choyamba cha mpira wa Gaelic cha Kerry, ndipo mmodzi mwa osewera anali Dick Fitzgerald, yemwe bwalo la ku Killarney linatchulidwa dzina lake.

Funso: Nanga 0-7 ingafanane bwanji ndi 1-4?

Yankho: Apa m'pamene ozolowera mpira wamiyendo amasokonezekera. Nambala yoyamba ndi zigoli, yachiwiri ndi mapointi. Mpira ukalowa pansi pa mtengo wopingasa ndi chigoli, ndipo chigoli chimodzi ndi mapointi 3. Ukadutsa pamwamba, pakati pa mitengo iwiri, nthawi zambiri ndi pointi imodzi. Choncho 1-4 ndi 3 kuphatikiza 4, kukwana 7, chimodzimodzi ndi 0-7.

Koma samalani mukamawerenga zotsatira zakale kwambiri, kuwerengera kwake kunali kwina. Poyamba chigoli chimodzi chinkaposa mapointi onse, kaya achuluke bwanji. Mu 1892 anachiika pa mapointi 5, kenako mu 1896 pa 3. Osewera nawonso ankachepa pang'onopang'ono. Pa fainolo yoyamba, ya 1887, pomwe Limerick inagonjetsa Louth 1-4 kwa 0-3, mbali iliyonse inali ndi anthu 21. Kerry ndi Kildare ankasewera 17, ndipo 15 amene tikuwaona lero anayamba mu 1913. Chinanso, mu 1905 kunali mitengo ina iwiri m'mbali mwa golo, ndipo mpira wodutsa pamenepo unkawerengedwa pointi. Ganizirani ntchito ya oyimbira, anthu atadzaza mpaka pamzere.

Funso: Kodi Kildare inabwezera?

Yankho: Inabwezera, ndipo sinachedwe. Pa fainolo ya 1905, imene nayonso inachedwa mpaka 1907, Kildare inagonjetsa Kerry 1-7 kwa 0-5 ku Thurles. Anyamata a Kildare ovala zoyera zokhazokhawo anatchuka ndi kupatsirana mpira ndi manja, pomwe a Kerry ankadalira kuwakha mpira m'mwamba n'kuuponya kutali ndi phazi. Kusiyana kwa kaseweredwe kumeneku, m'kuona kwathu, n'kumene kunkakopa anthu kuposa mikanganoyo.

Anadzakumananso m'mafainolo anayi. Kerry inapambana mu 1926 atabwereza, Kildare mu 1927, kenako Kerry mu 1929 ndi mu 1931. Kildare ndiyo inayamba kunyamula chikho cha Sam Maguire, chimene amapatsa wopambana All-Ireland, mu 1928 itagonjetsa Cavan, ndipo kuyambira pamenepo sinachitengenso. Mu 1998 inatulutsa Kerry mu semifainolo, mphunzitsi wake ali Mick O'Dwyer, mwana wa ku Kerry komweko, koma pa fainolo inagonja kwa Galway.