Funsani za Kompyuta: vssapi.dll ikasowa, backup n'kukana

Funso: Akonzi, ndili ndi kashopu kotayipa ndi kupulinta pa Luchenza, komanso ndimasunga maleja a kalabu yathu ya alimi a tiyi. Sabata yatha magetsi anathima kompyuta ili mkati moika ma update. Chichokereni tsiku limenelo, ndikati ndichite backup pa hard disk yakunja imakana, n'kulemba kuti vssapi.dll yasowa. Mnyamata wina akuti andikopere fayiloyo pa intaneti. Ndimulole? Kompyutayo ndi ya Windows 10.
Mayi wa ku Luchenza

Yankho: Ayi mayi, musamulole. Fayilo ya .dll ili ngati nkhokwe imene mapulogalamu angapo amatapamo malamulo. Iyi ya vssapi.dll imakhala mu C:\Windows\System32, ndipo ndiyo khomo la Volume Shadow Copy, mbali ya Windows imene imajambula disk mmene ilili pa kanthawi kamodzi, kuti ngakhale leja ya Excel imene mwaisiya yotsegula ikopedwe yathunthu. Imagwira ntchito limodzi ndi vssvc.exe ndi swprv.dll, ndipo Windows Backup, kudzera mu sdrsvc.dll, imadalira zonsezi. Magetsi akathima update ili mkati, ina mwa mafayilowa itha kutsala yolembedwa theka.

Yokopera pa intaneti ili ndi mavuto awiri. Loyamba n'lakuti mafayilowa amayendera mtundu weniweni wa Windows imene muli nayo, ndipo alipo a 64-bit ndi a 32-bit. Chosokoneza n'chakuti pa Windows ya 64-bit, a 64-bit ndiwo amakhala mu System32, pamene a 32-bit ali mu SysWOW64. Mukaika yolakwika, vuto limodzi libala ena. Lachiwiri ndi loopsa: fayiloyi imaloledwa kugwira disk yonse, ndiye ikabwera ndi vairasi, mwapereka makiyi a nyumba kwa wakuba.

Musanakonze chilichonse, koperani pamanja maleja a kalabu ndi ntchito za makasitomala pa flash. Kenako lembani cmd pa Start, sankhani Run as administrator, n'kulemba DISM /Online /Cleanup-Image /RestoreHealth. Lamuloli limakonza foda ya WinSxS, kumene Windows imasunga makope abwino a mafayilo ake. Zosowa limakatenga ku Windows Update, choncho bandulo ikhalepo. Nthawi zina limaoneka ngati laima pa nambala imodzi, lisiyeni, musatseke. Likamaliza, lembani sfc /scannow. Ndi limeneli limene limabwezera vssapi.dll pamalo pake. Tsatirani ndondomekoyi, chifukwa sfc imatapa mu WinSxS momwemo, ndipo ngati mmenemo muli zovunda, izibweza zovundazo kapena kulephera. Chitani zonsezi pa nthawi imene mukudziwa kuti magetsi akhalitsa.

Zimitsani n'kuyatsanso, kenako tsegulaninso cmd ndi Run as administrator, n'kulemba vssadmin list writers. Pa dzina lililonse payenera kulembedwa Stable ndi No error. Tsegulaninso services.msc, muone kuti Volume Shadow Copy ndi Microsoft Software Shadow Copy Provider zili pa Manual, osati Disabled. Timapulogalamu tina tolonjeza kufulumizitsa kompyuta timazimitsa zimenezi, mwiniwake osadziwa.

Ngati sfc yanena kuti mafayilo ena yalephera kukonza, mayina awo ali mu C:\Windows\Logs\CBS\CBS.log. Apo kayikirani disk yeniyeniyo. Lembani chkdsk C: /r, vomerezani ndi Y, n'kuyatsanso kompyuta. Pa disk yakale zitha kutenga maola angapo. Ikapeza malo ambiri owonongeka, kapena ikamalira kuti tiki-tiki mkatimo, gulani ina musanataye zonse.

Onaninso hard disk yanu yakunja. FAT32 ndi NTFS ndi njira zimene disk imasanjira mafayilo. Ikakhala pa FAT32 singalandire fayilo yoposa 4 GB, ndipo system image, backup ya Windows yonse, imafuna NTFS. Dziwani kuti format, njira imodzi yoisinthira ku NTFS, imafufuta zonse zili pamenepo. Mukamaliza backup, izuleni, muisunge pouma. Chinyezi cha masiku a chiperoni sichigwirizana ndi zamagetsi, ndipo disk yolumikizidwa nthawi zonse itha kupsera limodzi ndi kompyuta mphezi ikagwa.

Ife tikuona kuti pa shopu ngati yanu ka UPS, kabatire kopatsa kompyuta magetsi akathima, n'kofunika kuposa pulinta yachiwiri, poti mphindi zochepa zimene imapereka zimakwana kuti muzimitse bwinobwino. Komanso Microsoft inasiya kupereka ma update aulere a Windows 10 pa 14 October 2025, choncho funsani wodziwa akuonereni ngati makina anuwo angalandire Windows 11.