Yankho kwa achimwene a ku Mchinji pa nkhani yosankha gulu mu Fallout: New Vegas

Achimwene, mwafunsa kuti mutsate gulu liti mu gemu ya Fallout: New Vegas, popeza mwafika pa Strip (chigawo cha makasino cha mzinda wa New Vegas), mwaonana ndi Benny, munthu uja anakuwomberani m'mutu koyambirira kwa gemu, ndipo tsopano aliyense akukufunani: a NCR (New California Republic, boma lochokera ku California) akuti mukaonane ndi kazembe wawo Crocker, Caesar, mtsogoleri wa gulu la nkhondo lotchedwa Legion, wakutumizirani chizindikiro chake choti mukalowere kumalinga kwake, pamene Mr. House, wolamulira Strip, akukudikirani ku kasino yake ya Lucky 38. Mwanenanso kuti mtima wanu ukupendekera kwa a Legion chifukwa mwamva kuti misewu ya m'dera la Caesar ilibe achifwamba, pamene boma la NCR ladzala ndi katangale ndi misonkho. Ndikuyankhani kuchokera kuno ku Kasungu, ndipo anzathu ena a m'gulu lino amene sanafike patali adziwiretu kuti ndiulula zina za m'nkhaniyi.

Langizo langa ndi lakuti pa ulendo woyambawu mupite ndi a NCR. Ali ndi zolakwa zambiri zimene ndizitchula bwinobwino, koma pa magulu onse amene akulimbirana damu la Hoover m'chaka cha 2281, ndi okhawo amene munthu wamba angawadandaulire, ndipo ndi okhawo amene ulamuliro wawo sungathe tsiku limene mtsogoleri mmodzi wamwalira.

Ndiyambe ndi a Legion, chifukwa ndi kumene mtima wanu uli. Zimene mwamvazo ndi zoona m'gemumo. Mukafika ku Fortification Hill mukapeza wamalonda wina, Dale Barton, amene amayamikira kuti m'dera la Caesar amayenda ndi katundu wake popanda mantha. Koma ndikupemphani kuti mukumbukire zimene munaona ku Nipton musanafike n'komwe ku Novak. Munthu woyamba kukumana naye anali Oliver Swanick, akuthamanga mokondwa kuti wapambana maere, ndipo mutalowa m'tauniyo munapeza utsi uli tolotolo, anthu atapachikidwa pamitanda mbali zonse za msewu, kenaka Vulpes Inculta, mkulu wina wa Legion amene anatsogolera zonsezi, akutsika pamasitepe ndi agalu ake n'kukuuzani modekha kuti mukafalitse zimene mwaonazo. Amene anakhala wachiwiri pa maerewo, Boxcars, anamusiya wamoyo koma atamuphwanya miyendo. Mtendere wa m'misewu umene amalonda amauyamikira unabwera kudzera m'njira imeneyi. Pa doko la Cottonwood Cove, pamene mukakwerere bwato lopita kwa Caesar, mukaona mayi ndi ana ake awiri atatsekeredwa mumpanda, m'khosi atawaveka makolala ophulika, akudikira kugulitsidwa. Kumalingako mukaona akazi atasenza mitolo kukwera chitunda, popeza kwa a Legion mkazi saloledwa kukhala msilikali, ntchito yake ndi ukapolo ndi kubereka. Wamalonda amayenda mwaufulu chifukwa Caesar akufuna katundu wakeyo. Anthu a m'midzi imene yagonjetsedwa sawerengeredwa pa ufulu umenewo.

Chinanso chimene anthu ambiri sachiganizira ndi chakuti Legion yonse yaima pa munthu mmodzi. Caesar dzina lake lenileni ndi Edward Sallow, ndipo poyamba anali m'gulu la Followers of the Apocalypse, anthu a zachipatala ndi maphunziro aja. Anawerenga mbiri ya Aroma, n'kugonjetsa mitundu 86, n'kuifafanizira mayina, zilankhulo ndi miyambo yake kuti onse akhale asilikali ake. Munthu yemweyo ali ndi chotupa muubongo, ndipo ngakhale amaletsa anthu ake mankhwala amakono, iye ali ndi makina ochizira m'tenti mwake. Akamwalira, wolowa m'malo ndi Legate Lanius, amene amangodziwa kupha. Ngakhale amene agwirizana nawo sapulumuka: a Great Khans, mtundu wina wa m'chipululumo, akathandiza Caesar mpaka kupambana, mathero a gemu amaonetsa mtundu wawo ukumezedwa ndi kutha. Pa nkhani ya kaseweredwe kokha, mbali ya Legion ili ndi mishoni zochepa poyerekeza ndi ya NCR, ndipo mudzataya anzanu oyenda nawo. Boone, amene mkazi wake anagulitsidwa kwa a Legion ali woyembekezera, amawombera msilikali aliyense wa Caesar akangomuona, ndipo Arcade Gannon nayenso adzakusiyani mukazama nawo.

Mr. House amakopa anthu okonda dongosolo, ndipo nzeru ali nazodi. Ndi amene anayambitsa kampani ya RobCo, anaoneratu nkhondo ya nyukiliya ya 2077, ndipo anateteza Las Vegas ku mizinga yambiri imene inalunjika mumzindawo. Koma ife a ku Kasungu ndi Mchinji ulamuliro wa mtundu wake timaudziwa, chifukwa ndi wa mwini esiteti ya fodya: mkati mwa mpanda zonse zikuyenda bwino, mabuku a ndalama ali m'malo mwake, koma tenanti alibe pakamwa, ndipo amene ali kunja kwa geti si nkhani ya bwana. Munaona nokha kuti pa geti la Strip maloboti amafuna muonetse zitsekerero za mabotolo 2,000 (ndizo ndalama za m'gemuyi) kapena chiphaso, pamene kuseri kwa geti lomwelo anthu a ku Freeside akuvutika ndi njala ndi uchidakwa, ndipo amene akuwasamala ndi Julie Farkas ndi anzake ku Old Mormon Fort. Vault 21, malo obisalamo a pansi pa nthaka, kwawo kwa Doc Mitchell amene anakusokani mutu ku Goodsprings, House anathiramo simenti n'kusandutsa mbali yotsalayo hotela. Ndipo mukamugwirira ntchito adzakulamulani kuti muphulitse malo obisalamo a Brotherhood of Steel, gulu la asilikali osunga luso la makedzana, ku Hidden Valley, popanda mpata wokambirana. Ngati mukuyenda ndi Veronica, amenewo ndi abale ake.

Njira ya Yes Man, loboti lija lili m'chipinda cha Benny ku Tops, imakoma chifukwa Vegas imakhala yodziimira payokha ndipo inu ndi amene mumasankha zochita ndi gulu lililonse. Ndimailemekeza, ndipo ndikumvetsa chifukwa chake Arcade amailakalaka. Vuto lake ndi lakuti ufulu umenewo waima pa munthu mmodzi wokhala ndi gulu la maloboti, ndipo mathero ake amaonetsa a Followers akulephera kusamala unyinji wa odwala ndi ovulala chifukwa cha chipwirikiti. Njira imeneyi siitsekeka ngakhale mutadana ndi aliyense, choncho mukhoza kuisunga kuti mudzaiyese ulendo wina.

Tsopano za NCR. Katangale amene mwamutchulayo alipodi. Eni ng'ombe zambiri za mitu iwiri zotchedwa brahmin ndi makampani a zamalonda ali ndi mphamvu pa andale a ku California, asilikali achinyamata amatumizidwa kuchipululu opanda zipangizo zokwanira monga mukaonera ku Camp Forlorn Hope, ndipo ndalama yawo inagwa mphamvu kotero kuti pepala la madola 100 limasinthidwa ndi zitsekerero 40 zokha. Akalowa m'tauni ngati Primm amabweretsa chitetezo pamodzi ndi msonkho wolemetsa. Choipitsitsa ndi zimene anachita ku Bitter Springs, kumene asilikali awo anawombera akazi, ana ndi okalamba a mtundu wa Great Khans amene ankathawa. Ngati mudzayenda ndi Boone mpaka atakukhulupirirani, adzakutengerani kumeneko n'kukuonetsani chitunda chimene anaimapo tsikulo, ndipo ndi gawo limodzi mwa magawo olemera kwambiri m'gemu yonseyi.

Komatu taonani kusiyana kwake. Za ku Bitter Springs a NCR amachita nazo manyazi, ndipo msilikali amene anawombera nawo akuvutika mumtima mpaka lero, pamene za ku Nipton a Legion amazinyadira ndipo amafuna dziko lonse limve. Pamalo omwewo a Bitter Springs tsopano pali msasa wa anthu othawa nkhondo umene a NCR akuuyang'anira movutikira. Chief Hanlon ku Camp Golf, amene anatsogolera ma Ranger pogonjetsa a Legion pa nkhondo yoyamba ya pa damu m'chaka cha 2277, amadandaula kuti nkhondoyi ikutha ana a anthu. Pulezidenti Aaron Kimball amadalira mavoti, ndipo General Lee Oliver akhoza kuchotsedwa pa udindo. Chitsanzo chimene chimandigwira mtima ndi cha Cass, mayi uja mumamupeza akumwa ku Mojave Outpost. Mukafufuza naye za amalonda ake amene anaphedwa, mudzapeza kuti anachita chiwembucho ndi a kampani ya zamalonda ya Crimson Caravan pamodzi ndi a banja la Van Graff, ogulitsa zida, ndipo gemu imakupatsani njira ziwiri: kubwezera ndi mfuti, kapena kutolera makalata a umboni n'kukapereka kwa Ranger Jackson. Chilungamo chake chimachedwa ndipo sichikhutiritsa kwenikweni, koma khomo loti mugogodepo lilipo. Kwa Caesar ndi kwa House khomo lotere mulibe.

Ubwino wina ndi wakuti mbali ya NCR imakulolani kufewetsa malamulo amene mwapatsidwa, ngati mwakonzekera. Mukathandiza a Kings, gulu limene limayang'anira misewu ya ku Freeside, mtsogoleri wawo adzakulonjezani kuti akuchitirani chinthu chimodzi chimene mungapemphe. Musachiwononge popempha ndalama kapena chiphaso, chisungeni, chifukwa kazembe Crocker akadzakutumani kukathetsa mkangano wa ku Freeside mudzangopempha mtendere ndipo magazi sadzakhetsedwa. Colonel Moore ku damu adzafuna a Great Khans athetsedwe, koma mukapeza buku la Karl, nthumwi ya Caesar ku Red Rock Canyon, mukhoza kuonetsa Papa Khan mmene a Legion amawanyozera mseri, mgwirizanowo n'kutha. Moore yemweyo adzafuna a Brotherhood aphedwe, koma ngati munawathandiza kale ndipo Elder McNamara akadali pampando, mukhoza kubweretsa pangano la mtendere. Moore sakondwera nazo ndipo mbiri yanu kwa a NCR imatsikako pang'ono, koma anthu amakhala ndi moyo. Chimene simungachipewe ndi kuchotsa Mr. House pa ulamuliro, ndipo mukadzatsegula chipinda chimene thupi lake lakhala likusungidwa kwa zaka zoposa 200, sindikukhulupirira kuti mudzatulukamo mukusangalala.

Musafulumire kutseka makomo. Panopa a NCR ndi a Legion onse akukhululukirani zimene munawalakwira kumbuyoku, koma chikhululukiro chimenechi chimabwera kamodzi kokha. Gwiritsani ntchito chizindikiro cha Caesar, pitani kumalinga kwake, mumve yekha akufotokoza maganizo ake, muyankhulenso ndi Siri, kapolo amene amakonza mankhwala kumeneko, kuti chisankho chanu chichokere pa zimene mwaona. Mukayamba kupitirira malire pothandiza mbali ina, gemu imakuchenjezani kudzera mu mishoni zotchedwa Don't Tread on the Bear! ndi Beware the Wrath of Caesar!, ndipo zikangooneka pa Pip-Boy, kakompyuta ka pamkono panu, mudziwe kuti sitepe yotsatira idzakudanitsani ndi gululo. Samalaninso ndi zovala, chifukwa mukavala yunifomu ya gulu lina adani ake amakuwomberani ngakhale atakhala abwenzi anu.

Pa luso, kwezani Speech (luso la kuyankhula) mpaka 100 musanapite ku nkhondo yomaliza, chifukwa ndi imene imakulolani kugonjetsa Lanius ndi mawu okha, pomuonetsa kuti ngakhale atalanda damu sangathe kusunga dziko lonse la kumadzulo. Malizaninso mishoni za anzanu oyenda nawo ndi zigawo zoonjezera monga Honest Hearts ndi Lonesome Road, popeza gemuyi, imene inapangidwa ndi kampani ya Obsidian n'kutuluka mu 2010, imathera pa damu pomwepo ndipo simungapitirize kusewera nkhondoyo ikatha. Musadalire seva imodzi yokha, chifukwa gemuyi imatha kuima yokha pakati pa sewero, komanso magetsi kwathu kuno amazima mosachenjeza. Pangani seva yapadera tsopano lino musanayankhe Crocker, Caesar kapena House, ndipo muisiye osaikhudza, kuti mukadzamaliza ndi a NCR mudzabwerere pomwepo n'kuyesa mbali zinazo popanda kuyambiranso ku Goodsprings.